Amene Ankandiphunzitsa Kuwombera pa Foni

1

Dzina langa ndi Lameki. La bambo anga sinditchula, chifukwa iwo sanalakwe kanthu. Kwa zaka zisanu ndi chimodzi ndinali kalaliki pa esiteti ina ya fodya cha ku Simlemba, m'boma la Kasungu. Ndinali ndi nyumba yamalata, njinga yamoto, komanso chibwenzi chimene anyamata ambiri ankandichitira nacho nsanje. Dzina lake anali Chisangalalo, mwana wa akulu a mpingo a ku Njombwa. Chinkhoswe chathu chinali choti chichitike Loweruka loyamba la mwezi wa Juni.

Anthu akamandinena masiku ano amati ndinagwa chifukwa cha masewera a pa foni. Sakunama kwenikweni, koma nkhani yonse saidziwa.

Masewerawo ife tinkawatcha kuti Wotsala. Ndege imatsitsa anthu makumi asanu pa chilumba, aliyense ali chimanjamanja. Ukangotera umathamangira m'nyumba zosiyidwa kukatola mfuti, zipolopolo ndi mankhwala. Kenaka utsi wakupha umayamba kuzinga chilumbacho, n'kumakankhira anthu pakati, malo akucheperachepera. Wotsala ndi moyo ndiye wapambana. Mutha kusewera awiriawiri, ndipo mnzako akagwa ukhoza kumudzutsa ngati wafika msanga.

Ine ndinkangofa. Miyezi inayi ndikusewera, sindinapitirirepo mphindi zisanu. Tsiku lililonse nthawi yopuma masana ndinkakwera pa chulu cha kuseri kwa chigafa chachitatu, pomwe netiweki inkagwira bwino. Ndinkaphedwa kanayi kapena kasanu, kenaka n'kubwerera ku sikelo nkhope ili gwaa, n'kumakalipira matenanti popanda chifukwa.

"A kalaliki, lero akuphani kangati?" anandifunsa tsiku lina Cornelius, makaniko amene anabwera mu Januwale kudzayang'anira thirakitala ndi injini yopopa madzi ku damu. Anali wamtali, wofatsa, wosakonda macheza.

"Zisiyeni izi, a makaniko. Si za aliyense."

Anaseka pang'ono, n'kunyamula masipanala ake, ulendo wa ku damu.

2

Osewera a ku Kasungu tinali ndi gulu lathu pa foni. Kumayambiriro kwa Epulo ndinalembapo zodandaula, kuti masewerawa ndikuwasiya, anawapanga ndi anthu ankhanza. Mawa lake ndinalandira uthenga kuchokera ku nambala yachilendo.

"Ndakuonanipo mukusewera. Kuwombera mumatha ndithu, chimene chimakuphani ndi phuma. Tiyeni tisewere limodzi. Ndine Nthanda."

Pa chithunzi chake panali duwa lofiira. M'masewera ankagwiritsa ntchito msilikali wamkazi watsitsi lalitali. Sankalankhula, ankati pamene amakhala pali phokoso lambiri, ndiye ankangolemba.

Tsiku loyamba ndege itangofika pamwamba pa tauni ya pa chilumbacho, ndinafuna kudumpha monga mwa masiku onse.

"Dikirani," analemba. "Pamene patera aliyense musatere. M'tauni muli mfuti zabwino, koma ndi momwe mumafera anthu theka mphindi ziwiri zoyamba. Tikatere ku tinyumba titatu ta m'mphepete."

Tinatera kutali, kopanda munthu. Tinatola zida modekha. Anandiuza kuti ndinyamule mfuti ziwiri zosiyana, ina ya patali ina ya pafupi, ndi kuti mankhwala ndi ofunika kuposa mfuti yokongola. Potuluka anandibweza.

"Tsekani chitseko. Nyumba yotseka imaoneka ngati simunalowe munthu. Wobwera pambuyo panu amalowa ali mphwayi, inu mukumuona."

Tili m'njira, ndinaona munthu akudutsa pa dambo poyera. Ndinaloza mfuti, chala chikuyabwa.

"Musawombere."

"Bwanji? Ndikumuona bwinobwino!"

"Mukaphonya, mwauza chilumba chonse pamene muli. Onani mmene akuthamangira. Pali wina amene akumuthamangitsa."

Zoonadi, kunatulukira wina kumbuyo kwake. Anawomberana mpaka mmodzi anagwa. Wotsalayo anathamangira pa katundu wa mnzake wakufayo, n'kuwerama.

"Tsopano," analemba Nthanda.

Ndinamugwetsa ndi zipolopolo zitatu. Ndinakuwa ndekha pa chulupo. Nditati ndithamangire katunduyo, Nthanda anandiletsanso. Anati katundu wa wakufa ndi nyambo, amene wagwayu wafera zomwezo. Tidikire kaye, timvetsere.

Loweruka lake ndinapita pa boma kukagula mahedifoni, chifukwa iye anati masewerawa ndi a makutu: mdani umayamba kumva mapazi ake usanamuone. Anandiphunzitsa kuyenda m'mphepete mwa utsi kuti kumbuyo kwanga kusakhale munthu. Anandiphunzitsa kuika zipolopolo ndili kuseri kwa mwala, ndi kusiya galimoto malo akachepa chifukwa phokoso lake limaitana adani. Patatha masabata awiri ndinayamba kumafika m'gulu la anthu khumi omaliza.

Apa ndinene zoona. Sizinalinso za masewera okha. Foni ikalira ndinkalakalaka akhale Nthanda. Ndinayamba kumulembera za ntchito, za ubwana wanga, za zimene ndadya. Iye ankayankha mwachidule, koma ankamvetsera ngati palibenso munthu wina padziko.

Chisangalalo anazindikira. Tsiku lina tikusankha nsalu ya chinkhoswe pa msika, anandilanda foni n'kuiika m'chikwama chake.

"A Lameki, ndakufunsani kawiri kuti yabwino ndi iti. Kodi m'fonimu muli ndani?"

"Ndi masewera chabe."

"Masewera amamwetulitsa munthu choncho?"

Ndinaloza nsalu yoyamba imene ndinaiona. Foni anandibwezera pokwerera basi.

3

Chakumapeto kwa Epulo, tili pakati posankha fodya ndi kudinda mabelo, Nthanda analemba zimene zinandiimitsa mutu.

"Shati yobiriwira mwavala leroyi imakukhalani."

Ndinaimirira pa chulu n'kuyang'ana uku ndi uku. Kunali minda yokhayokha, mapesi a fodya ali mbuu mpaka kumene maso amalekezera. Ku zigafa amayi anali atakhala pansi akupuma. Palibe amene anagwira foni.

"Umandidziwa?"

"Kasungu ndi wamng'ono."

Mantha anandigwira pang'ono, koma chisangalalo cha uchitsiru chinawaposa. Ndinayamba kuyang'anitsitsa mkazi aliyense wa foni yabwino: wa pa golosale, aphunzitsi a pa sukulu yoyandikana nafe, ngakhale mkazi wa kapitawo. Aliyense akandimwetulira ndinkati ndi ameneyu.

Tsiku lina tikusewera, Nthanda anawomberedwa ali kumbuyo kwanga. Anagwa, n'kumakwawa.

"Ndidzutseni. Adani apita."

Utsi unali ukubwera. Nthawi yomudzutsa inalipo, koma yochepa. Ndinathamanga kulowera kwabwino. Iye anafera mu utsimo.

"Mwandisiya," analemba.

"Utsi unali pafupi. Tikanafa tonse."

"Simunacheuke n'komwe."

Ine ndinali nditayamba kupepesa, koma uthenga wake unafika kaye.

"Palibe kanthu. Ndimangofuna kudziwa."

Masiku awiri pambuyo pake, tikudikira kuti ndege inyamuke, anandifunsa funso lina losagwirizana ndi masewera.

"Pa mzere wa nyumba za matenanti, ija yachisanu ndi chiwiri, yogumuka denga. Munkakhala ndani?"

Zala zanga zinachita thukuta mpaka galasi la foni linaleka kumva. Ndinazipukuta pa thalauza.

"Sindikukumbuka. Matenanti amabwera n'kumapita."

"Chabwino. Ndege yanyamuka. Lero titere kumpoto."

Munthu wanzeru akanalekera pomwepo. Ine ndinadzinamiza kuti ndi mkazi wa pafupi amene amadutsa njira imeneyo, wangochita chidwi ndi bwinja.

4

Tinapambana Lamulungu lina masana, pakati pa mwezi wa Meyi. Malo anali atachepa ngati bwalo la nyumba. Tinatsala atatu: ine, Nthanda ndi mdani mmodzi amene sitinkamuona.

"Gonani mu udzu, musasunthe," analemba Nthanda. "Pomaliza amene wayamba kusuntha ndiye amafa. Ine ndidzionetsa dala. Akadzuka kuti andiwombere, inu mumalize."

Anaimirira n'kuthamanga poyera. Kuseri kwa mtengo wa kumanja kunatuluka mutu. Ndinawombera osapuma. Galasi lonse linawala, dzina langa lili pamwamba.

Ndinalumpha pa chulu paja mpaka mbuzi zimene zinkadya pansi zinabalalika. Mtima uli m'mwamba choncho, ndinalemba zimene ndinkazisunga kwa masabata.

"Nthanda, ndimakukonda. Ndikufuna ndikuone."

"Muli ndi chinkhoswe masabata atatu akubwerawa."

"Ndikhoza kuchiimitsa."

"Ine sindikumana ndi munthu amene sindikumudziwa. Ndiuzeni choipa chachikulu chimene munachitapo pa moyo wanu. Musalembe. Mujambule mawu, ndimve ndekha ngati mukunama."

Ndinakhala pansi. Panali nkhani imodzi imene sindinauzepo munthu, ngakhale mayi anga, ngakhale abusa. Sindikudziwa chimene chinandilowa. Mwina ndinkafuna aone kuti ndamukhulupirira kuposa Chisangalalo. Mwinanso nkhaniyo inali itandilemera. Ndinadina, n'kulankhula kwa mphindi zinayi, n'kutumiza.

Foni inaonetsa kuti uthenga wamvedwa. Ndinadikira mpaka dzuwa linapendeka. Yankho silinabwere.

5

Masiku asanu ndi limodzi anadutsa ali chete. M'masewera sankaoneka. Ndikaimba, foni inkangoitana. Ku sikelo ndinalakwitsa manambala a mabelo kawiri, zimene zinali zisanachitikepo.

Loweruka uthenga unafika. "Mawa mukaweruka ku tchalitchi. Kanyumba ka injini ku damu. Mubwere nokha."

Ndinavala shati yobiriwira ija, n'kugula zakumwa ziwiri. Ku damu ndi kutali ndi nyumba, ndipo Lamulungu sikupita munthu. Madzi anali bata, mabango osagwedezeka. Chitseko cha kanyumbako chinali chotsegula.

M'katimo munali Cornelius, atakhala pa mgolo, akupukuta sipanala yaikulu ndi kansanza.

"A makaniko, mpaka Lamulungu muli pa ntchito?"

"Khalani pansi, a kalaliki."

"Ayi, ndikudikira munthu panjapa."

"Munthuyo wafika kale."

Anatulutsa foni m'thumba la ovolosi, n'kuiika pamwamba pa injini, n'kudina. M'kanyumbamo munamveka mawu anga.

"Zaka zinayi zapitazo kunabwera banja la matenanti kuchokera ku Phalombe. Bambo wa banjalo anali a Simeon. Anali ndi mwana wamkazi, Sunganani. Ndinamulonjeza ukwati. Atatenga pakati ndinachita mantha. Makolo anga akanati chiyani, kalaliki kukwatira mwana wa tenanti? Nanga ku mpingo? Ndiye tsiku lina iwo ali kumunda, ndinatenga fodya wa mu shedi n'kukamubisa m'nyumba mwawo. Ndinakauza abwana kuti a Simeon akuba fodya n'kumagulitsa kwa mavenda. Atachita chipikisheni anamupezadi. Anawathamangitsa tsiku lomwelo, mvula ikugwa, fodya amene analima chaka chonse ali m'chigafa. Sunganani anandiitana katatu ali pa lole. Ine ndinalowa mu ofesi n'kutseka chitseko."

Cornelius anazimitsa. Mabotolo aja anali atagwa m'manja mwanga, koma sindinamve pamene anagwera.

"Sunganani ndi mlongo wanga," anatero, mawu ali pansipansi. "Nthawi imeneyo ndinali ku Joni. Ndi komwe ndinaphunzira injini, ndi masewera anuwa. Dzina lachiwiri ndimalembera la amalume amene anandilera, n'chifukwa chake simunandidziwe. Bambo anafika kumudzi ndi mbiri ya umbava. Analeka kupita ku tchalitchi, analeka kudya. Mu Ogasiti chaka chomwecho tinawaika m'manda. Mpaka tsiku lomaliza ankangoti, ine sindinabe."

"Koma Nthanda..."

"Ndinayamba ndakuuzani kuti ndine mkazi? Nthanda ndi dzina la mwana wanu. Ali ndi zaka zitatu. Mphuno ndi yanu yomweyo."

Ndinakhala pansi pa simenti yamafuta. Maso anga anali pa sipanala ija. Iye anaona.

"Musaope. Mu Januwale ndinabwera ndi maganizo amenewo, sindinama. Damu ili ndalowamo pokonza paipi, ndikudziwa pamene pali pakuya. Koma Sunganani ankangokukayikirani, umboni analibe, ndipo ine sindikanakhudza munthu pa nkhani yongoganizira. Ndinafuna ndimve kuchokera pakamwa panu. Ndamva. Sabata yonseyi ndakhala ndikumvetsera mawuwa, ndipo ndaona kuti imfa yanu siingayeretse dzina la bambo anga."

Anaika sipanala m'bokosi.

"Pofika Lachitatu mukawauze abwana zoona. Chisangalalonso mukamuuze nokha, alowe m'banja akudziwa. Mukatero ndifufuta mawuwa inu mukuona, ndipo ndibwerera kwathu. Masiku atatu, a kalaliki. Pitani."

6

Lolemba ndinayenda ngati wodwala malungo. Ndinakonza mawu opepesa, n'kumawabwereza mumtima pa sikelo. Lachiwiri m'mawa ndinagogoda pa ofesi ya mwini esiteti. Anali bambo wachikulire, wa magalasi, amene ankanditcha mwana wake.

Ndikulumbira kuti pogogoda paja ndinali ndi cholinga chonena zoona. Koma nditaona mpando wanga, makiyi a njinga pa khoma, khadi la chinkhoswe limene ndinawapatsa lili pa tebulo, lilime linatembenuka lokha.

"Bwana, ndabwera ndi nkhani ya makaniko uja."

"Ndikumva."

"Dizilo wa thirakitala akutha modabwitsa. Ndamuona kawiri akutuluka ndi chigubu kulowera ku msewu."

Abwana anavula magalasi. "Palinso china?"

"Ndi munthu woopsa, bwana. Wadziwa kuti ndamuona, ndiye akhoza kubwera ndi nkhani zopeka za ine. Masiku ano mafoni amatha kupanga ngakhale mawu a munthu."

Kunja jeke yodindira mabelo inkalira. Abwana anatsegula kabati n'kutulutsa foni yawo.

"Lameki, Cornelius anabwera dzulo m'mawa, iwe usanafike. Mawu ako ndawamva onse, kawiri. Ndinafuna ndikuthamangitse dzulo lomwelo. Ukudziwa anachita chiyani? Anandipempha kuti ndidikire mpaka Lachitatu. Anati, akabwera yekha ndi zoona, mumusiye pa ntchito, mwana uja akufunika bambo wokhala ndi pogwira. Ndinavomera."

Ndinatsegula pakamwa, koma anakweza dzanja.

"Dizilo ndimayeza ndekha Lachisanu lililonse. Chibwerere mnyamata ameneyu sipanasowe ngakhale dontho." Anaika foni pa tebulo. "Simeon anandigwadira pamalo waimapo iwepo. Ndinamukana chifukwa ndinakhulupirira iwe. Wandisenzetsa imfa ya munthu, ndipo lero umati undisenzetsenso mwana wake. Siya makiyi a nyumba pa tebulo. Dzuwa lisakulowere pa esiteti pano."

Ndinakweza katundu wanga pa ngolo ya ng'ombe. Matenanti anasiya kusankha fodya n'kuima pakhomo pa zigafa. Palibe amene ananditukwana, ndipo palibe amene ananditsazika. Cornelius sindinamuone. Injini yake inkamveka ikugunda ku damu.

7

Chisangalalo ndinakamuuza ndekha mawa lake, nkhani isanamufike kudzera kwa ena. Anamvetsera zonse ali chiimire pakhonde la makolo ake. Sanalire.

"Mwanayo munayamba mwamutumizirako ngakhale sopo?"

Ndinapukusa mutu.

"Ndiye inenso tsiku lina ndikanakuvutani, mukanandibisira chiyani m'nyumba?"

Analowa, n'kutuluka ndi nsalu ya chinkhoswe ija isanasokedwe, n'kundipatsa m'manja.

Ndinamva kuti msika wa fodya utatha, abwana anapita ku Phalombe pamodzi ndi Cornelius. Anasonkhanitsa abale ndi a mpingo, n'kunena poyera kuti a Simeon sanabe. Ine ndinapita ndekha mu Seputembala. Sunganani anatuluka ali ndi lichero m'manja. Anali atakwatiwa chaka cha m'mbuyo mwake ndi mmisiri wa matabwa. Anandiyang'ana ngati munthu wofunsa njira.

"Mwadzatani?"

"Ndabwera kudzapepesa."

"Oyenera kuwapepesa ali kumanda. Njira yake ndi iyo, mukadutsa mjigo mukhotere kumanzere."

Kumbuyo kwake kunasuzumira kamtsikana kovala diresi lachikasu. Mayi ake anakalowetsa m'nyumba asanatchule kuti ine ndine yani. Ndinapita kumandako. Ndinaima pa mtumbira wa a Simeon mpaka miyendo inatopa, ndipo mawu onse amene ndinakonza m'basi anasowa.

Pano ndimakhala pa boma, ndimathandiza m'sitolo ina ya mbewu ndi feteleza. Ndalemba izi chifukwa ndikudziwa kuti pakati pa inu owerenga alipo amene ali ndi nkhani yawo imene anaikwirira, ndipo amadziuza kuti, ndinali mwana, ndinali ndi mantha, lero sindingachitenso. Inenso ndinkatero kwa zaka zinayi. Ndinkakhulupirira kuti Lameki amene anabisa fodya m'nyumba ya mwini anali munthu wina, wakale, amene ndinamusiya m'mbuyo. Musadikire kuti tsiku loyesedwa lidzakuuzeni ngati munasinthadi. Pitani lero, mukanene zoona pamene palibe amene akukukakamizani.

Bodza loyamba ndikhoza kulinamizira ubwana. Lachiwiri ndilibe pothawira. Munthu amene ndinamuphera bambo ake anandipemphera ntchito kwa abwana, n'kundipatsa masiku atatu oti ndikhale munthu. Ine ndinatenga awiri mwa masikuwo, n'kukamunamizira kuti ndi mbava.